Misomali pa Malata a Faines

Mukadzafika m'mudzi mwathu, m'mapiri a kumtunda kwa Chezi, mudzaona nyumba ina ya njerwa zowotcha imene denga lake mbali imodzi ndi malata, mbali inayo ndi udzu. Alendo amaima n'kuiyang'ana, ena amaseka. Nyumbayo ndi ya mlongo wanga Faines, koma amene anaichititsa kuti ioneke choncho ndine, Yoswa, munthu amene ndinalemba Sitandade 8 kawiri ndipo masiku amenewo ndinkayenda ndi mabolopeni atatu m'thumba la shati.

Malatawo anagula ndi alamu anga, malemu a Isake. Anapita ku Joni maulendo awiri, ndipo atabwera komaliza mu 1974 anatsikira ku Lilongwe n'kukagula malata makumi awiri ndi anayi. Kumigodiko anabweranso ndi chifuwa. Malo a nyumba anayeza, zikhomo anakhoma, njerwa anayamba kuumba, koma asanamange uvuni chifuwa chija chinawagoneka. Ali pamphasa ankakonda kunena kuti iwo safuna zambiri, angomvako mvula ikulira pamalata m'nyumba yawoyawo, basi. Anapita asanaimve.

Achibale awo atabwera kudzatenga za m'bale wawo monga zimakhalira, ananyamula njinga, wailesi, bulangeti ndi jekete. Malata sanawakhudze, chifukwa Faines anayala mphasa pamwamba pa mulu wa malatawo n'kukhala pomwepo masiku onse a maliro, akulira. Ndani akanalimba mtima kuuza mayi wamasiye kuti tasunthani? Ine monga nkhoswe yake ndinkauza anthu pambuyo pake kuti malatawo anapulumuka chifukwa cha kuyankhula kwanga. Zoona zake n'zoti pa zokambirana zonsezo ndinangotsokomola kawiri.

Mu 1978 a Gideoni, amene kale ankagwira ntchito mu ofesi ina ku Boma la Dowa, anatenga malo a lizi kutsidya kwa phiri lathu, anakongola ndalama ku banki n'kutsegula esiteti ya fodya wa bale. Zaka zimenezo aliyense wodziwa kumanga tayi ankatsegula esiteti. Ine anandilemba ukalaliki. Anandipatsa tebulo, mpando ndi buku lolembamo mayina a matenanti, ndipo anthu akuluakulu a imvi zawo anayamba kunditchula kuti bwana kalaliki. Malipiro anga oyamba ndinagulira tayi yofiira. Kunena zoona, mutu unakula.

Mwezi wa Malichi chaka chotsatira, shedi yosankhiramo fodya, imene inali yofolera ndi udzu, inayamba kudontha. Fodya wouma akanyowa amachita nkhungu, ndipo ku okushoni amangomubweza. A Gideoni anaima m'shedimo manja ali kumutu, madzi akuwadonthera pamapewa. Palibe anandifunsa kanthu. Pakamwa panga panangotseguka pokha.

“Bwana, malata si vuto,” ndinatero. “Kunyumba ndili nawo, akungodya dzimbiri.”

Ndili nawo. Ine amene ngakhale chidebe cha lata ndinalibe. A Gideoni anandigwira chanza ndi manja awiri, ananditcha mwamuna weniweni, ndipo madzulo ake ndinakwera phiri kupita kwa Faines ndikuyeserera m'njira mawu okamuuza. Ndinamupeza pakhonde akusenda chinangwa.

“Achimwene, malata a a Isake akukachita chiyani ku esiteti?” anafunsa. “Kodi banki sinawapatse ndalama anthuwo?”

“Ndi miyezi itatu yokha, Faines. Msika wa fodya ukangotsekedwa, malata abwera. Ndiponso a Gideoni alonjeza ngolo yokututira nkhuni zowotchera njerwa.”

Za ngolozo ndinangopekera pomwepo. Faines anasenda chinangwa china mpaka kumaliza. Kenaka anaika mpeni pansi.

“Chabwino, poti mwanena ndinu. Koma chinthu chimodzi, achimwene: msomali ayi. Lata likabooledwa latha. Mukadzalisamutsa limadontha pabowo lililonse. Mukawasanje pamapaso, mumange ndi waya m'mphepete, pamwamba muike miyala monga amachitira anthu.”

“Miyala? Pa esiteti?”

“Miyala.”

Tsiku lofolera anabwera yekha kudzaonerera. Anawerenga malata akamatsika m'ngolo, anawerenganso akamakwera padenga, khumi ndi awiri kumaso, khumi ndi awiri kuseri. Matenanti anatuta miyala kumtsinje, iye akuloza poika uliwonse. Kapitawo wa pa esitetipo, a Abrahamu, mkulu wofatsa wa mpingo wathu, ndi amene anamanga waya. Faines ataona kuti zonse zili m'malo anakung'untha chitenje n'kubwerera kwawo.

Miyezi itatu ija inakwana, inakhala isanu ndi umodzi. Faines akafunsa ndinkamuyankha ndi mawu a Chingerezi kuti nkhaniyo imveke yaikulu. Iye ankangoti, “Ooh.” Chimene chinkamukhazika mtima pansi n'choti njira yochokera kumudzi kwathu kupita kuchigayo imadutsa pamtunda kuseri kwa shediyo. Akamapita kokagayitsa ankaima pamtundapo, thumba lili pamutu, n'kuona miyala yake ili phee padenga. Mbali ya kumaso, yoyang'ana kumsewu wa magalimoto, sankaiona.

Ndiye kunabwera kalata yoti mkulu wina wa ku banki abwera kudzayendera esiteti, aone ngati n'koyenera kuwonjezera ndalama. A Gideoni anali ku Lilongwe sabata imeneyo. Ine ndinatuluka mu ofesi, ndinakaima pamsewu, manja kumbuyo, n'kuyang'ana shediyo ndi maso a munthu wa m'tauni. Miyala ija inandichititsa manyazi. Ndinadzifunsa kuti kodi munthu wa ku banki, wobwera pagalimoto, akaona denga losanjikiza miyala ngati khola la nkhumba, adzati kalaliki wa pano ndi munthu wotani? Onani, sindinaganize za a Gideoni, sindinaganize za fodya. Ndinaganiza za kalaliki.

M'mawa mwake ndinapalasa njinga yobwereka mpaka ku Boma, ndinaonetsa khadi la chipani pachipata cha msika, n'kugula misomali ya malata ndi ndalama za m'thumba mwanga. Nditabwerako ndinauza a Abrahamu kuti akwere akhome.

“Bwana kalaliki,” anatero a Abrahamu, “mwini wake anati msomali ayi. Ndinalipo.”

“Mwini wakeyo nkhoswe yake ndine.”

“Ndiye akhome ankhoswewo. Ine dzanja langa lisakhalepo.”

Ndinakwera ndekha, tayi ili m'khosi, matenanti onse atasiya ntchito kundionerera. Ndinayambira mbali ya kumaso, miyala yake ndinaigubuduzira pansi umodziumodzi. Tsono ine kuyambira ubwana wanga msomali sunayambe wandimverapo. Pa misomali itatu iliyonse umodzi unkapindika, ndiye ndinkangoumenya mpaka ugone chammbali. Hamala inandiphwanya chala chachikulu kawiri, chikhadabo chinada bii, koma sindinalire poti anthu ankaona. Nditamaliza lata lakhumi ndi chiwiri misomali inatha. Ndinati kuseriko akuonako ndani? Ndinatsika, ndinakaimanso pamsewu paja, ndipo mtima wanga unakondwa kwambiri.

Mkulu wa ku banki uja anabwera Lachinayi. Anaimika galimoto pakhomo la ofesi penipeni, analowa, anatsegula mabuku, anamwa tiyi, anatuluka, anapita. Padenga sanakwezepo maso ngakhale kamodzi. Ndalama nazo sanawonjezere.

Zotsatira zake aliyense wa kuno amazikumbuka. Mitengo ya fodya inagwa, mvula ya 1980 inadula pakati, matenanti anayamba kuchoka mmodzimmodzi ndi mitolo yawo pamutu. Tsiku lina a Gideoni anandiuza kuti akupita ku Chipata kukaona m'bale wawo wodwala, ndiyang'anire zinthu. M'baleyo zikuoneka kuti mpaka lero sanachire. Patapita miyezi iwiri kunabwera anthu kudzamata chipepala pachitseko cha ofesi yanga. Chinkanena kuti esitetiyo, malo ndi zonse zili pamenepo, igulitsidwa kuti banki ipezepo zake. M'munsi mwake munali mizere ing'onoing'ono yoti aliyense amene ali ndi katundu wakewake pamalopo abwere ndi umboni pa tsiku limene masherifu, anthu a khoti olanda zinthu za angongole, adzalembe katundu.

Munthu wanzeru akanachita mantha. Ine ndinaona kuti nthawi yanga yoonekera yafika. Nkhani ya malamulo, ya Chingerezi, m'dera monse muno akanaitha ndani kupatula ine? Ndinakhala masiku atatu ndikulemba kalata ya masamba anayi, yodzaza ndi mawu amene ena mwa iwo ngakhale ine mwini sindinkadziwa tanthauzo lake. Faines ndinamuuza kuti agone tulo, nkhaniyi ili m'manja mwa anthu ophunzira.

Za misomali zokha sindinamuuze. Tsiku lililonse ndinkati ndimuuza mawa. Ndivomere pano: ndinkamuopa mlongo wanga, mwana amene ndinamubereka kumsana ine ndili ndi zaka zisanu ndi chimodzi. Ndinkadzinamiza kuti mwina masherifu, monga mnzawo wa ku banki uja, sadzayang'ana kumwamba.

Tsikulo linafika. Mkulu wa masherifu anali bambo wamfupi, wooneka wotopa, nsapato zake zili fumbi lokhalokha. Anabwera ndi apolisi awiri ndi munthu wa ku banki. Anatulutsa tebulo langa lomwe lija n'kuliika pansi pa mtengo wa mango, ndipo anakhala pampando wanga. Anthu anafola. A Abrahamu ananena kuti ngolo ndi ng'ombe ziwiri zimene zinali m'khola la esiteti n'zawo, ankangobwereketsa. Anabweretsa mboni ziwiri, ndipo asherifu anazichotsa pamndandanda. Mayi wina anatenga miphika yake, wina sikelo. Kenaka anaitana ife.

Ndinakonza tayi, ndinapereka kalata yanga ndi manja awiri. Asherifu anawerenga mzere woyamba, anatembenuza, anawerenga kuchuluka kwa masamba, kenaka anaipinda pakati n'kuyamba kudzikupiza nayo poti kunkatentha.

“Mwachidule, bambo, mukufuna chiyani?”

Ndisanamalize kukonza kukhosi, Faines anali atagwada kale pambali pa tebulo. Anatulutsa buku lake la nyimbo za kutchalitchi, ndipo pakati pake panali lisiti la kusitolo ya ku Lilongwe, lofiirira ndi ukalamba, lolembedwa dzina la a Isake.

“Malata a pashedipo ndi a malemu amuna anga, bwana. Ndinangobwereketsa. Lililonse lili ndi kadontho ka penti yobiriwira pakona, anaika okha.”

Asherifu anayang'ana lisitilo nthawi yaitali, anasiya kudzikupiza.

“Amayi, umboni wanu ndi wabwino. Tsono mvetsani mmene lamulo likuyendera. Banki sitenga chinthu cha munthu amene sanakongole. Chinthu chongoikidwa, choti munthu n'kunyamula osaphwanya kanthu, mwini wake akapezeka amatenga. Koma chimene chakhomeredwa panyumba chasanduka nyumba, ndipo nyumba imapita pamodzi ndi malo. Ndiye tiyeni tikaone.”

Faines anatsogolera, ndipo anadzera njira imene ankaidziwa, ya kuseri. Asherifu ataona miyala ili ndandanda padenga anayamba kuseka, kuseka kwenikweni, mpaka apolisi aja anasekanso.

“Amayi, amene anakulangizani za miyalayi ndi loya wodziwa ntchito. Ndani?”

“Ndi umphawi, bwana,” anatero Faines.

Matenanti awiri amene anali asanachoke anakwera, anamasula waya, anatsitsa miyala. Malata anayamba kutsetsereka limodzilimodzi, osalala, opanda bowo ngakhale limodzi, kadontho kobiriwira kali pakona. Faines ankalandira lililonse n'kulipukuta ndi nsonga ya chitenje. Nkhope yake inali itamasuka mmene ndinali ndisanaionere chimwalirireni a Isake. Atakwana khumi ndi awiri anati, “Tiyeni kumaso.”

Ndinatsalira m'mbuyo ndikunamizira kumanga chingwe cha nsapato, koma shedi si phiri, kuizungulira n'kanthawi kochepa. Nditafika ndinapeza onse mitu ili m'mwamba. Dzuwa linali pamutu, ndipo misomali yanga inkanyezimira mizeremizere, ina itaima, yambiri itagona chammbali.

“Apa ndiye pavuta,” anatero asherifu. “Anakhoma ndani?”

A Abrahamu ankayang'ana zala za kumapazi kwawo. Matenanti aja ankayang'ana kuphiri. Ine ndinaona kuti a Gideoni ali ku Chipata, sangamve, ndipo munthu amene wathawa ndi malipiro a anthu kumuwonjezera misomali pang'ono si tchimo lalikulu. Ndinatsegula pakamwa, dzina lawo lili kale palilime.

“Musavutike n'kufunsa, bwana,” anatero Faines, maso ake akadali padenga. “Misomali yogona chonchi ndi dzanja la achimwene. Chitseko cha kwa amayi anakhomanso chonchi.”

Wapolisi mmodzi anatembenukira kumbali, mapewa akugwedezeka. Ine ndinatseka pakamwa paja.

Faines anafunsa ngati angaloledwe kuzula misomaliyo pang'onopang'ono, atenge malata ake ngakhale obooka. Asherifu anapukusa mutu. Anayankhula mofatsa, ndipo ndinaona kuti zinawakhudza.

“Sindingathe, amayi. Wogula akugula shedi, ndipo chimene chakhomedwacho ndi shediyo. Mukazula, apolisi awa adzati mwaba. Chimene lamulo likukupatsani n'choti mukhoza kumusumira amene anakhoma popanda chilolezo chanu, akulipireni.”

Apo m'pamene Faines anandiyang'ana koyamba, kuyambira kutayi mpaka kunsapato.

“Ndiwasumire achimwene? Adzandilipira chiyani, mabolopeni?”

Asherifu anandibwezera kalata yanga ija, yonyowa ndi thukuta la m'manja mwawo. A Abrahamu anatinyamulira malata khumi ndi awiri aja pangolo yawo mpaka m'tsinde mwa phiri, ndipo kuchokera apo tinasenza pamutu, awiriawiri, maulendo atatu. Njira yonseyo Faines sanandiyankhule. Ndinkalakalaka atanditukwana, atalira, atakandinenera kwa amalume, chilichonse. Iye ankangoyenda patsogolo, malata akulira pamutu pake. Esitetiyo inagulidwa ndi munthu wina wa ku Lilongwe. Malata enawo alipobe mpaka lero, ndipo dzimbiri linayambira pamisomali yanga n'kumatsika mizere yofiira.

Chaka chotsatira Faines anawotcha njerwa. Nkhuni anatuta pamutu ndi amayi anzake a chigwirizano, poti ngolo ya a Gideoni ija inali ya m'kamwa mwanga. Anthu anamulangiza kuti achepetse nyumbayo ilingane ndi malata amene atsala. Anakana. Anati zikhomo zimene anakhoma a Isake sizisuntha, nyumba ikhala mmene anaiyezera mwini wake.

Tsiku lokhoma denga ndinalawirira ndi hamala yanga, ndikuti mwina ndipepese ndi ntchito. Faines anandilonjera bwinobwino, anandifunsa mmene adzukira akunyumba, kenaka anatambasula dzanja. Ndinamupatsa hamalayo. Anaipereka kwa mmisiri amene anamuitana, analowa m'khitchini n'kutuluka ndi chikwakwa.

“Mbali yanu ili kuphiri uko, achimwene. Mitolo makumi atatu ikwana.”

“Faines, ndikangopeza ntchito ina ndidzakugulira malata khumi ndi awiri atsopano. Ndikulonjeza.”

“Mukadzagula mudzasiya kumweta.”

Papita zaka zisanu ndi ziwiri. Ntchito ina sinapezeke, ndimalima chimanga ndi mtedza ngati wina aliyense, ndipo mtengo wa lata umakwera mofulumira kuposa mtedza wanga. Chaka chilichonse udzu ukauma ndimatenga chikwakwa n'kukwera phiri. Kumeneko ndimakumana ndi amayi a m'mudzi akumwetanso wawo, ndipo amandipatsa moni mwaulemu wonse: “Mwadzuka bwanji, bwana kalaliki?” Ndimayankha. Kufolera ndinaphunzira, ndipo anthu amati ndimafolera bwino, poti udzu sufuna msomali.

Koma chimene chimandikhalabe pamtima ndi mvula yoyamba ya chaka chimene nyumbayo inatha. Inandipeza masana ndili padenga pa nyumbayo, ndikumangirira mtolo womaliza. Ndinatsika msangamsanga n'kuthawira m'nyumba. Faines anali ataima pakati pa chipinda chochezera, pamene malata amathera ndi udzu kuyambira, manja atapinda pachifuwa. Mvula inabwera yamphamvu. Kudzanja lake lamanja denga linkalira mwaphokoso, kulira kuja ankakufuna a Isake ali pamphasa. Kudzanja lamanzere kunali zii, madzi akungolowerera mu udzu.

Anamvetsera nthawi yaitali, misozi ikutsika osaipukuta. Ine ndinaima pafupi ndi chitseko, osadziwa poika manja.

“Mukumva, achimwene?” anatero. “Mbali ikulirayi ndi ya a Isake. Yachete iyo ndi yanu.”

Anandikokera mpando, n'kuuika mbali ya udzu. Ndinakhala pomwepo mpaka mvula inakata.